Chigamba Chachikasu pa Mbendera

9 Febuluwale

Bambo anga okondedwa,

Ndayamba ndi moni. Mwadzuka bwanji kumeneko, inu ndi amayi? Ine kuno ndili bwino, kupatula chimfine chimene chandikakamira ngati ndinachilonjeza ukwati. Mlongo wanga, popeza ndiwe ukuwawerengera bambo kalatayi, uwerenge mokweza, makutu awo ukuwadziwa, ndipo usadumphe mizere monga unkachitira ndi mabuku a kusukulu.

Kalata yanu ndalandira. Mwati miyendo yayambanso kutupa, moti simukuthanso kuponda makina osokera. Nkhaniyi yandisowetsa mtendere. Ndatumiza kandalama pa positi. Mugule mankhwala amene adokotala alemba, osati aja a m'botolo lopanda dzina amene amalume amayenda nawo m'thumba. Zotsala amayi agulire malata a pakhonde paja pakudontha. Makina muziwathirabe mafuta ngakhale angokhala, ndipo munthu asabwereke.

Mwafunsa kuti ndibwera liti. Bambo, lekani ndikufotokozereni bwino, kuti musamaganize kuti mwana wanu waiwala njira ya kwawo.

Ntchito ndi yomwe ija, kusoka makolala a maovololo. Makolala okhaokha, kuyambira m'mawa mpaka madzulo. Inu munandiphunzitsa suti yathunthu, koma kuno ndine munthu wa khosi basi. Wa kumanja kwanga ndi wa matumba, wa kumanzere ndi wa mabatani. Mutatiphatikiza tonse a mzere wathu, mwina mungapeze telala mmodzi.

Pafakitale pano pali mageti awiri. Lalikulu amalowera amene analembedwa ndi fakitale yeniyeniyo. Iwowa ali ndi tchuthi, akadwala malipiro sadulidwa, akakalamba penshoni ikuwadikira. Laling'ono lili kuseri, kumene amatayira zidutswa za nsalu, ndipo timalowera ife amene tinabwera kudzera kwa ejenti, munthu wopezera fakitale antchito. Tikalowa m'kati makina ndi amodzimodzi, ulusi ndi womwewo. Koma ife tikachoka ngakhale sabata imodzi, ejenti amaika wina pampando, ndipo dzina limene wafufuta salilembanso. M'mawa uliwonse pakhomo pake pamaima anthu ofuna mpando wanga womwewu.

Komabe pali nkhani yabwino. Kuno kuli yuniyoni, ndiye kuti bungwe la ogwira ntchito, ndipo ili ndi chipani chake cha ndale. Mkulu wa yuniyoni pafakitale pathu tinamupatsa dzina loti Chimkuzamawu, chifukwa akanong'ona m'kantini amamveka kugeti. Sabata yatha anabwera patebulo lathu, lija la pafupi ndi chitseko pamene pamawomba mphepo, n'kundigwira chanza. Ananditchula liwu la m'chiyankhulo chawo limene tanthauzo lake n'kuti m'bale.

"M'bale," anatero, "chisankho chikubwera. Chipani chathu chikalowa m'boma tikaika lamulo. Wogwira ntchito aliyense, mwezi wathunthu wa tchuthi, malipiro osadulidwa, mpando wake ukumudikira."

Ine ndinafunsa kuti, "Ngakhale ife a geti laling'ono?"

Anaseka. "M'bale, kodi iwe sugwira ntchito?"

Chichokereni kwathu palibe mwini dziko amene ananditchulapo m'bale. Nditabwerera kumakina ndinasoka kolala mozondoka chifukwa cha chimwemwe. Mnzanga wa m'chipinda, amene timamutcha Tiona chifukwa ndilo yankho lake pa chilichonse, nditamuuza anangovula nsapato n'kunena dzina lake.

Limbani mtima, bambo. Lamulo limeneli likadutsa ndibwera, ndipo ndidzakhala mwezi wathunthu.

Ndine mwana wanu,
Kasingano

20 Malichi

Bambo anga okondedwa,

Moni kwa inu, kwa amayi ndi kwa mlongo wanga. Ndakondwa kumva kuti mankhwala akuthandizako ndipo mwayamba kutuluka kukakhala pakhonde. Ine chimfine chija chandisudzula. Buledi wakwera mtengo kuno, sopo nayenso, koma tikukhala.

Mwandiseka m'kalata yanu kuti ndapeza abale a mumsewu. Dikirani mumve. Amayi ake a Chimkuzamawu anamwalira. Nditamva ndinamuuza Tiona kuti avale, tizipita.

"Kuti?"

"Kumaliro. Munthu wakutchula m'bale pagulu, ndiye mayi ake amwalire iwe uli gone pabedi?"

"Atiitana?"

"Iwe, kumaliro amaitana?"

Tinakwera basi mpaka kumsewu wawo, kumene nyumba zake ndi zofanana ngati mabatani. Mkazi wa Chimkuzamawu atatsegula chitseko anatiyang'ana ngati tabwera kudzawerenga mita ya madzi. Tinalowa, tinakhala pasofa, manja pamaondo, chete, monga munthu amakhalira pa zovuta. M'nyumbamo munali a pabanja okhaokha. Patapita nthawi Chimkuzamawu anatipatsa tiyi n'kufunsa ngati kwagwa vuto kufakitale. Ndinati ayi, tabwera kudzakhala nanu. Anathokoza kawiri konse, akuyang'ana mkazi wake. Tiona akuti anthuwo ankangodikira kuti tichoke. Ine ndikuti chisoni chimasokoneza munthu mutu. Si inu munkati chibale ndi fupa, sichiola?

Nkhani ina ikukhudza ntchito yathu ya manja. Pafakitale pali mdala wodula nsalu, wa geti lalikulu, amene timamutcha a Sizasi. Ndi wausinkhu wanu, wowonda, woyankhula pang'onopang'ono. Atamva kuti ndine telala wathunthu ananditengera ku ofesi ya yuniyoni, kachipinda ka pamwamba pa sitolo ya nsapato, konunkha fumbi ndi mapepala akale. Anatulutsa m'kabati mbendera yawo, chinsalu chofiira chotalika ngati khoma la chipinda chanu. Pakati pake pali liwu limodzi lokha la zilembo zachikasu. Kumasulira kwake n'kuti TONSE.

Mbenderayo ndi zigamba zokhazokha, ndipo a Sizasi amaiwerenga ndi chala ngati buku.

"Apa pakuoneka popsapa," anatero, "ndi nthawi ya agogo anga. Ankalowa kusanache, kutuluka kutada, ana awo n'kumawaona Lamlungu lokha. Ananyanyala ntchito kuti tsiku likhale la maola asanu ndi atatu. Apolisi anabwera pa akavalo. Chipani chinabadwa chaka chimenecho, m'chipinda chino, anthu ataona kuti kunyanyala kokha sikusintha lamulo."

Kenako anandionetsa msoko wautali wodutsa pakati penipeni.

"Apa tinang'ambana tokhatokha. Ena ankati tilande mafakitale, ena ankati ayi, tilowe m'nyumba ya malamulo tizikambirana. Anakokerana mbenderayi mpaka kweee! Amene anailumikiza ndi mayi anga. Nthawi imeneyo yuniyoni sinkalemba akazi, ndiye anasokera pakhonde."

Msoko wa mayi amenewo, bambo, mukanauona mukanavula chipewa. Waung'ono, wowongoka, osaphonya ndi pamodzi pomwe.

Ndinaloza pamene panali timabowo tambirimbiri n'kufunsa ngati zinali zipolopolo. A Sizasi anaseka mpaka kutsokomola.

"Njenjete, mwana wanga. Zimenezo ndi zaka zimene chipani chinali m'boma. Chinatipatsa chipatala chaulere ndi penshoni, sindingakane. Koma atsogoleri anazolowera kudya ndi eni mafakitale, mbendera n'kuiwalika m'kabati. Mageti awiri aja anabwera nthawi yomweyo, ife tikuyang'ana kumbali."

Chilembo chomaliza cha liwu lija njenjete zinachimaliza, changotsala mthunzi. Andipempha kuti ndichisoke mwatsopano lisanafike tsiku la perete wa ogwira ntchito. Ndavomera, ndipo sindiwalipiritsa. M'bale salipiritsa m'bale wake chigamba.

Amayi asagulitse nkhuku zonse chifukwa cha mankhwala, nditumiza zina kumapeto kwa mwezi.

Mwana wanu,
Kasingano

4 Meyi

Bambo anga okondedwa,

Ndikhulupirira kuti kalatayi ikupezani mukupezako bwino. Moni kwa onse. Ine ndili bwino. Zolemba zanga zikuoneka zopindika chifukwa chala chamkombaphala chili m'bandeji. Singano ya makina inachita zake, koma si nkhani yoti amayi alire nayo. Sindinajombe ndi tsiku limodzi lomwe, simungajombe kuno.

Mbendera ija ndinaimaliza. Vuto linali nsalu. Chikasu cha zilembo zakalezo chinafwifwa ndi zaka, ndipo m'masitolo monse chimene ndinapeza chinali chowala ngati cha dzulo. Ndiye tsiku lina ndikupachika jekete langa pamsomali, ndinaona m'kati mwake. Mukulikumbukira jekete limene munandisokera pochoka? Kunja lotuwa, m'kati munaika nsalu yachikasu yotsala pa diresi la mkwatibwi wina, mlongo wanga n'kumaliseka kuti ndi jekete la dzira. Chikasu chake n'chimodzimodzi, ngati zinadulidwa pa mpukutu umodzi. Ndinadula chakumsana. Mundikhululukire, koma ndinadula mwaulemu, motsata ulusi, monga munandiphunzitsira.

Tsiku la perete anthu anadzaza msewu waukulu. Mbendera inali patsogolo pa mitengo iwiri, a Sizasi mbali ina, ine mbali ina. Inde, ine, bambo. Mphepo ikawomba chilembo chanu chinkatukuka ngati chifuwa cha munthu. Ankaimba nyimbo zawo zakale, ine mawu sindiwadziwa bwino koma ndinkatsegula nawo pakamwa. Chimkuzamawu anayankhula pamwamba pa lole. Chipani chamusankha kuti aimire dera lathu ngati phungu.

Tsopano za mawu anu. Mlongo wanga walemba kuti munati, "Muuze abwere ndimuone maso anga akadaona. Fodya wako ndi amene ali pamphuno." Ndawerenga kangapo, ndipo mtima ukundiwawa. Koma taonani, bambo. Mnzathu wina wa mzere wosoka manja a maovololo anapita kwawo kukaika mkazi wake. Anabwerera. Lero amaima pakhomo pa ejenti pamodzi ndi ena aja, atavala malaya omwe anapita nawo, ndipo tikamadutsa amayang'ana pansi. Ndikachoka lero, mankhwala anu adzagula ndani? Fizi ya mlongo wanga? Chisankho chili mu Ogasiti. Tapirira zaka zonsezi, miyezi yochepayi isatigonjetse.

Miyendo muziika pa mpando mukakhala, adokotala a kuno amatero. Mchere muchepetse, ngakhale ndikudziwa kuti mukalipa.

Mwana wanu,
Kasingano

30 Juni

Bambo anga okondedwa,

Moni. Ndamva kuti munagonekedwa kuchipatala masiku angapo ndipo mwatuluka. Bwanji simunandiuze msanga? Mlongo wanga, zoterezi usamandibisire, ndine mkulu wako. Ndatumiza ndalama ya galimoto imene munabwereka ija, mubweze msanga kuti tsiku lina asadzatikanize.

Kuno ndi kampeni yokhayokha. Tikaweruka timatenga ndowa za guluu ndi mapepala a nkhope ya Chimkuzamawu, n'kumamata m'makoma ndi m'mitengo ya magetsi. Ambiri omata ndife a geti laling'ono. Kuvota sitivota, si dziko lathu, koma manja tili nawo. Nkhope imeneyo ndaisisita kambirimbiri kuti isachite makwinya, moti mkazi wake sangandipose. Tiona amanyamula ndowa akudandaula njira yonse, koma amanyamula.

Pali tinthu tina tosakoma. Pakhoma la nyumba imene timagona wina analemba mawu ndi penti. Sindikuuzani tanthauzo lake. Tinafufuta. A chipani china, cha eni masitolo ndi eni nyumba za lendi, akumauza anthu kuti ntchito zikusowa chifukwa cha alendo. Lamlungu lapitali pamsonkhano wa pabwalo la mpira munthu wina anafunsa Chimkuzamawu za zimenezi. Anayankha nthawi yaitali. Ndinamva akutchula "ana a dziko lino" kangapo, koma chiyankhulo chawo akathamanga nacho chimandisiya m'mbuyo, mwina sindinamve bwino. Nditawafunsa a Sizasi anati pa kampeni munthu amayankhula ndi pakamwa pawiri, tisamale za lamulo basi.

Msonkhano utatha Chimkuzamawu anadutsa pafupi nane, anandimenya paphewa n'kuti, "M'bale!" Dzina langa sanalifunsepo, koma nanga inu mumanditchula dzina kangati?

Mwati mukulota ndili pamakina anu. Ndidzakhalapo, bambo. Musawaphimbe ndi thumba la feteleza, limachititsa dzimbiri, amayi apeze nsalu yakale.

Mwana wanu,
Kasingano

18 Ogasiti

Bambo anga okondedwa,

Tapambana! Moni ndipereka pambuyo, lero mundilole. Chipani chathu chalowa m'boma, ndipo Chimkuzamawu ndi phungu. M'fakitale makina anaima okha, anthu kukumbatirana, a geti lalikulu ndi a geti laling'ono osasiyanitsa. A Sizasi analira ngati mwana. Ngakhale Tiona anamwetulira, ndinaona ndi maso angawa, ngakhale iye akukana.

Tsopano moni. Muli bwanji? Mlongo wanga akuti simukudya bwino ndipo mukugona chokhala chifukwa cha befu. Bambo, idyani, ngakhale pang'ono. Ndikufuna ndidzakupezeni ndi mphamvu zondikalipira za jekete.

Kunena zoona, mipando imene apeza m'nyumba ya malamulo siyokwanira kulamulira okha. Agwirizana ndi chipani chija cha eni masitolo. A Sizasi akuti ukwati wotere unachitikapo kale m'masiku a unyamata wawo, ndipo sanafune kunena kuti unatha bwanji. Koma nduna yatsopano ya za ntchito yalengeza pa wailesi kuti lamulo la tchuthi ndilo likhala loyamba. Akuti mwezi wamawa.

Ndiye ndikuwerengera kuti mu Okutobala ndili kumeneko. Ndakugulirani nsapato zofewa za nsalu, zazikulu, zoti miyendo yotupa ilowe bwino. Amayi ndawagulira shawelo. Mlongo wanga, zako sindikuuza, ungasiye kuwerenga. Pabwalo paja musadule mtengo wa mthunzi, ndikufuna tidzatulutse makina tidzakhale pamenepo, inu muzidzandiuza pamene ndalakwitsa.

Kuona maso a nkhono n'kudekha. Mwambi umenewu ndi wanunso, musaukane lero.

Mwana wanu,
Kasingano

2 Okutobala

Bambo anga,

Moni kwa nonse. Ine ndili bwino.

Lamulo ladutsa. Analimata pakhoma la kantini ndipo a Sizasi anandiwerengera pang'onopang'ono. Mwezi wathunthu, malipiro osadulidwa, mpando ukudikira. Zonse zilimo monga analonjezera. Koma kumayambiriro kuli ndime yofotokoza kuti wogwira ntchito ndani. Akuti ndi munthu amene analembedwa ndi mwini fakitale. Amene anabwera kudzera kwa ejenti akuti nkhani yawo idzaonedwa padera. A chipani chinacho ndiwo anaumirira zimenezo, apo ayi boma likanagwa.

Ndinawapempha a Sizasi kuti awerengenso, mwina analumpha mzere. Anawerenganso.

Ndinapita ku ofesi ya yuniyoni. Chimkuzamawu sapezekanso kumeneko, amakhala ku likulu. Mlembi wake anandilandira bwino, anandipatsa mpando. Anati, "M'bale, nyumba samanga tsiku limodzi. Akakumananso aphungu tikakonza ndime imeneyo." Ndinafunsa kuti akumananso liti. Anati chaka chamawa.

Kwa ejenti ndinapitanso. Zimene anayankha sindilemba.

Mlongo wanga, kalata yako ndaimva, usaganize kuti sindinaimve. Ndikudikira malipiro a kumapeto kwa mwezi uno kuti ndipeze ya ulendo, kenako ndiona chochita. Bambo, limbani. Ndapota nanu, limbani pang'ono pokha.

Kasingano

27 Okutobala

Amayi anga okondedwa,

Mwadzuka bwanji, amayi? Funso lake ndi lopusa, koma sindidziwa poyambira pena. Mlongo wanga, ino uwerenge motsitsa, amayi amamva bwino.

Telegalamu inandipeza pamakina. Kapitawo anaiika pamwamba pa mulu wa makolala n'kupitirira. Pamene ndinkaiwerenga n'kuti mutaika kale, ulendo wake mukuudziwa kutalika. Ndinamaliza kolala imene inali pansi pa singano, chifukwa sindinadziwe china chochita ndi manja anga. Zikomo kwa amalume ndi onse amene anagwira ntchito imene inali yanga.

Ndinaganiza kuti ngakhale ndili kutali, bambo ndiwakhalire maliro kuno. Lachisanu ndinauza anthu m'kantini, ndinakauzanso ku ofesi ya yuniyoni, kuti Lamlungu ndidzakhala pachipinda. Onse anati pepa m'bale, ena kundigwira paphewa. Loweruka ine ndi Tiona tinaimika bedi kukhoma, tinakolopa, tinayenda chitseko ndi chitseko kubwereka mipando. Ina sinakwane m'chipinda, tinaindandalika m'khonde. Ndinagula tiyi, shuga ndi buledi wambiri. Ndinkaopa manyazi, amayi, kuti abale a geti lalikulu adzabwera ochuluka n'kusowa pokhala. Tiona ananyamula mipando yonseyo, ndipo aka kanali koyamba kuti asatchule dzina lake.

Lamlungu m'mawa anabwera anzathu a geti laling'ono, ndi uja anachotsedwa ntchito atapita kukaika mkazi wake. Anavula nsapato n'kukhala pansi, motsamira khoma, kusiyira alendo mipando. Tinakhala. Tiyi anazizira, tinawiritsa wina. Aliyense akamva mapazi pamasitepe ankatembenuka. Dzuwa linafika pakati, linapendeka, anthu ali pansi, mipando ilibe munthu.

Chakumadzulo tinamva munthu akukwera pang'onopang'ono, akupumira pa sitepe iliyonse. Anali a Sizasi, atavala suti yakuda yakale, chimtolo chofiira kukhwapa. Anaima pakhomo, anayang'ana mipando ija, anayang'ana anthu pansi. Nkhope yawo inagwa. Anafuna kukhala nawo pansi koma maondo anakana, ndiye anakhala pampando umodzi, okhaokha.

Patapita nthawi anati, "Mwana wanga, usawaone ngati oipa. Kuno munthu sapita pa maliro osaitanidwa. Ndipo liwu lija... timatchulana tonse a yuniyoni. Ndi liwu la pamsonkhano."

Ndinati, "Kwathu si liwu la pamsonkhano."

"Ndaona," anatero.

Kenako anayamba kundiuza kuti pamsonkhano wa yuniyoni iwo anaimika dzanja kukana ndime ija, koma manja anali ochepa. Anati chiyambire, nthawi iliyonse akalemba kuti tonse, pamakhala wina amene watsala pakhonde. Poyamba anali osaphunzira ntchito, kenako akazi. Mayi awo anadikira zaka makumi awiri kuti alembedwe, koma analembedwa.

"Chitseko chimatseguka, mwana wanga. Chimachedwa, koma chimatseguka."

Ndinati, "Bambo anga analibe zaka makumi awiri. Anandipempha mwezi umodzi."

Anamasula chimtolo chija, ndipo inali mbendera. Anaiyala pamipando yopanda anthuyo, anatulutsa sizasi yawo m'thumba n'kundipatsa, chogwirira chili kwa ine.

"Nsaluyi ndi ya bambo ako. Sitinaigwirire ntchito. Ichotse."

Ndinaitenga sizasiyo, amayi, ndipo mkwiyo ndinali nawo wokwanira kudula mbendera yonse. Ndinagwada, ndinapeza poyambira ulusi. Koma nditagwira nsalu ija ndinakumbukira tsiku limene bambo ankaidula, atakhala pakhonde, mapini ali pakamwa, akundiuza kuti kumene ukupitako kumazizira. Chinthu chokhacho chimene manja awo anagwira m'dziko lonse lino chinali chimenecho ndi jekete langa. Ndinaika nkhope pamenepo n'kulira kulira kumene sindinalire pa telegalamu. Anzanga aja analira nane. A Sizasi anatsika pampando paja, maondo akulira, mpaka anakhala pansi.

Sindinadule. Msoko wake uli bwino, uli pafupi ndi wa mayi awo a Sizasi, ndipo bambo sankalola kumasula chinthu chosokedwa bwino chifukwa choti wakwiya. Ndinawauza a Sizasi kuti mbenderayo aipinde apite nayo, koma tsiku limene adzaionetsenso kwa munthu wina ndi chala, akafika pa chilembo chomaliza anene kuti nsaluyi ndi ya telala wina amene anamwalira akudikira mwana wake. Analonjeza. Kaya adzakhala ndi moyo mpaka liti, nawonso akutsokomola.

Amayi, ndikubwera. Ndalandira malipiro, ndamuuza ejenti. Sanakweze ndi mutu womwe. Mpando umene ndinkauopera uja ndinausiya Lachisanu, ndipo Tiona akuti Lolemba m'mawa panali kale munthu wina, akusoka makolala bwinobwino.

Makina musagulitse, ngakhale amalume anene zotani. Muwathire mafuta, ndidzayambira pamene bambo anasiyira. Nsapato zija ndibwera nazo, mudzaone woti n'kumupatsa. Ndinyamuka Lachinayi, ndipo ngati mabasi sativuta mudzandiona kumayambiriro kwa sabata inayo.

Ndidzavala jekete lija kuti mudzandizindikire msanga pa siteji, popeza ndaonda. Kunja likadali bwinobwino, monga analisokera. Koma ndikadzalivula n'kulipachika, ndapota nanu amayi, musadzalitembenuze.

Mwana wanu,
Kasingano